Njerwa za Dzanja Lamanja

Mayi wa mafizo, wolimbitsa ziwalo za odwala kuchipatala, sanazungulire. Anatenga dzanja lamanja la bambo ake a Machesi, nalitembenuza uku ndi uku, n'kuyesa kuwongola zala zomwe zinali zitapindikira m'kati ngati zafumbata kanthu.

"Kufumbata mukufumbata bwino, bambo. Sitiroko imatero. Zala zimakumbukira kugwira, koma kusiya zimaiwala." Anagogoda chala cholozera. "Ichi chizikanikiza n'kudzuka chokha, osachithandiza, maulendo mazana atatu pa tsiku. Miyezi iwiri ikubwerayi ndiyo yathu. Mukaigonera, chiuma chopindika chomwechi, ndipo sizasi muiwale."

Bambowo anali atameta anthu zaka makumi atatu. Anangolandira kapegi koyanikira zovala komwe mayiyo anawapatsa kuti azikanikiza, n'kukaponya m'thumba la malaya. Patatha masiku atatu, Machesi akusesa anakapeza kapegiko kunsi kwa bedi.

"Bambo, ichi chikutani kuno?"

"Chifunse."

"Akuti mazana atatu pa tsiku!"

"Ine munthu wa imvi ndizikhalira kutsina pegi ngati mwana wosowa chidole? Ukawauze adokotala akowo azitsina okha."

Dzina loti Machesi anamupatsa ndi bambo ake omwewo ali kamtsikana kakang'ono, chifukwa kungomukhudza pang'ono anali atayaka kale. Tsopano anali ndi zaka makumi awiri ndi zitatu, ndipo ankakonza mafoni m'kachipinda ka pansi pa masitepe a nyumba ina ya masitolo. Ntchitoyo palibe anamuphunzitsa. Anaidziwa poonera mavidiyo ndi powononga mafoni ake awiri. Chimwalirireni mayi ake, m'nyumba anatsala awiri, ndipo chidwalireni bambowo zonse zinali pamutu pake: kuwatenthetsera madzi, kuwamangira mabatani a malaya, kuwadulira nyama m'mbale, kuwaperekeza ku mafizo Lachinayi lililonse. Achimwene ake, omwe ankagwira ntchito mu ofesi kutsidya kwa tauni, ankabwera Lamulungu lokha, atanyamula malalanje ndi malangizo.

Za pegizo Machesi sanalimbane nazo. Bambo ake ankawadziwa. Anali munthu woti akaweruka ankalowa m'nyumba n'kulengeza kuti, "Lero mitu khumi ndi isanu ndi inayi," asanavule n'komwe nsapato. Munthu wotero sungamupatse ntchito yopanda choonetsa.

Mawa lake anabwera ndi laputopu yomwe anaipanga polumikiza ziwiri zakufa, n'kutsegula gemu ina ya pa intaneti. Pakati pa sikirini panali chikombole chachikulu. Ukadina chikombolecho, njerwa imodzi yatuluka. Njerwa zikachuluka umagula nazo antchito, kenaka mawilibala, mauvuni, mpaka mafakitale, ndipo zonsezo zimakuumbira njerwa zina. Koma chomwe chinamukoka Machesi chinali china. Njerwayo sinkatuluka ukakanikiza mausi. Inkatuluka ukadzutsa chala.

Anawaika bambo ake patebulo, nagoneka dzanja lamanjalo pa mausi. Bambowo anakanikiza. Palibe chinachitika.

"Yafa gemu yakoyi."

"Sinafe. Dzutsani chala."

Chalacho chinanjenjemera, mitsempha ya pamkono inaima, mkamwa munapotoka. Kenaka mausi inati tiki, njerwa yofiirira n'kugwera pambali.

"Imodzi," anatero bambowo, nasendeza mpando kufupi.

Gemuyo inali ndi tsamba la chiwerengero lomwe linkasunga kuti munthu wadina kangati pa tsiku. Sabata yoyamba Machesi ankaliona madzulo aliwonse akangoweruka. Makumi asanu ndi atatu. Zana ndi makumi anayi. Pofika Loweruka, mazana awiri n'kanthu. Anayenda sabata imeneyo ngati dziko ndi lake.

Lamulungu achimwene anafika ndi malalanje awo. Machesi anali kuseri akuchapa mabulangete, ndipo mawu ankamupeza kudzera pawindo.

"Aa, bambo! Thukuta lonseli chifukwa cha njerwa imodziimodzi? Gemu imeneyi sasewera choncho ayi. Tasunthani pang'ono."

"Ukuidziwa iwe?"

"Ku ofesi tonse tinadutsamo. Choyamba, musamasunge njerwa. Zikangokwana kugula kanthu, gulani. Chachiwiri, musamathamangire chodula. Muziona mtengo wake, muone zomwe chimatulutsa pa sekondi, mugule chomwe chibweze msanga. Onani, wilibala iyi ibweza m'mphindi ziwiri, koma uvuniwu mpaka khumi. Ndiye mawilibala kaye. Komanso chilichonse chikakwana 25 chimayamba kutulutsa kawiri. Musamalekeze pa 22 ngati mwachitira antchitowa."

"Mwana iwe uli ndi mutu."

"Zikadzayamba kukwawa, musaope. Dinani apa mugumule zonse. Adzakupatsani nyenyezi, ndipo mukayambiranso ziziuluka. Nyenyezizo muziika ku nthambi iyi ya Makina. Inayi ya Dzanja musaiyang'ane n'komwe, n'kutaya nyenyezi chabe."

Machesi anafinya bulangete uku akumwetulira. Panali patapita miyezi asanamve bambo ake akuseka ndi mwana wawo wamwamuna. Tanthauzo la malangizowo silinamulowe. Anangomva kuseka.

Kuyambira pamenepo nkhani za madzulo zinakula. "Lero mamiliyoni atatu." Mawa lake, "Makumi anayi." Kuntchito mafoni anali atawunjikana, ndipo munthu wosangalala choncho ungamufufuzirenji? Tsamba la chiwerengero analeka kulitsegula. Lachinayi mayi wa mafizo atagwira chala chija n'kupukusa mutu kuti sakuona kusintha, Machesi anatsala pang'ono kuyaka. "Akudina tsiku lonse, mayi! Mwina ndi inuyo simukuyeza bwino."

Lachitatu lotsatira anaiwala kasikuludiraiva kake kunyumba, ndiye anabwerera masana. Anapeza bambo ake ali panja pampando akuwodzera padzuwa, wailesi ili pamiyendo, dzanja lamanja litafumbata ngati kale. M'nyumba laputopu inali yokha patebulo, manambala akuthamanga popanda woikhudza. Anatsegula tsamba lija. Dzulo anadina kasanu ndi kanayi. Dzana, maulendo khumi ndi anayi. Masiku khumi athunthu anali otero.

"Bambo!"

Wailesi inatsala pang'ono kugwa.

"Kasanu ndi kanayi! Ine kukatukwana mayi wa mafizo pagulu, kukuikirani kumbuyo, inu muli pano kuwotha dzuwa ngati buluzi?"

"Ulankhule bwino, ndine bambo ako."

"Bambo anga omwewo ndi amene chala chikuwaumira!"

Bambowo anadzuka pang'onopang'ono, nalowa, nakhala patsogolo pa laputopu. "Taona apa. Mafakitale anga akutulutsa njerwa zikwi makumi anayi pa sekondi. Ndikadina ine ndi chala ichi, zikutuluka zingati? Imodzi. Ndiye ukufuna ndikhale chitsiru? Nditenge supuni ndizikathandiza mpopi kudzaza ndowa?"

Machesi anatenga kasikuludiraiva kake. Chomwe chinamuwawa kwambiri n'chakuti bambowo sankanama.

Pobwerera kuntchito anakhala pamasitepe n'kuimbira achimwene ake. Sanapereke moni.

"Mwawaphera dzanja bambo."

"Iwe, ndili mu ofesi. Chachitika n'chiyani?"

Anawafotokozera, ndipo anthu okwera masitepe ankamulambalala.

"Ine ndimangothandiza," anatero achimwene. "Palibe anandiuza kuti gemuyo ndi mankhwala."

"Mukanafunsa! Ku mafizo munapondako liti? Mumabwera ndi malalanje asanu, mukhala maola awiri, mwalandira 'mwana uli ndi mutu,' mwapita. Ine wochapa mabulangete ndilibe mutu?"

"Chabwino, pepa. Ingofufuta gemuyo, uwauze kuti yawonongeka. Ayambirenso kudina."

"Ndiwanamize ngati kamwana? Ndipo malangizo anuwo ndiwafufuta bwanji m'mutu mwawo? Pakutha masiku awiri abwerera pomwepo."

"Nanga utani?"

"Ndikuonetsani kuti gemuyi simuidziwa."

Anadula foni. Panthawiyo analibe umboni uliwonse, koma anali ndi chinthu chimodzi chomwe ntchito yake inamuphunzitsa: m'foni mulibe kawaya kongoikamo kuti kakongoletse. Amene anapanga gemuyo sakanasiya chikombole chachikulu chotere pakatikati, n'kumanganso nthambi yonse ya Dzanja, zikanakhala zopanda ntchito.

Masiku atatu, nthawi ya nkhomaliro, ankatseka theka la chitseko cha kachipinda kake n'kutsegula gemuyo pawiri, ina pakompyuta ya kuntchito, ina pafoni. Inayo ankaiyendetsa monga achimwene ananenera, inayo mwa njira yake, akulemba manambala kuseri kwa katoni ya magalasi a mafoni. Malangizo onse omwe anawapeza pa intaneti ankanena chimodzi: Makina. Ndipo zinali zomveka, chifukwa nyenyezi zitatu zoyambirira za ku Dzanja zinali zomvetsa chisoni. Kudina kamodzi kunkapereka njerwa ziwiri, kenaka zinayi, kenaka zisanu ndi zitatu. Aliyense ankalekera pomwepo. Machesi anaika yachinayi, ndipo nkhomaliro inazizira m'kontena. Kuyambira pa nyenyezi yachinayi, kudina kamodzi kunkapereka gawo la zomwe mafakitale onse amatulutsa pa sekondi. Mafakitale akakula, chala chimakula nawo.

Panalinso lole yofiira yomwe inkadutsa pasikirini ikuliza hutala, mwina kanayi pa ola. Wa Makina akaidina ankangolandira kamulu ka njerwa. Koma wa Dzanja akaidina, loleyo inkaima masekondi makumi awiri, ndipo nthawi imeneyo kudina kulikonse kunkachulukitsidwa ka zana. Anawerengera kawiri, kachitatu ndi kakyuleta. Munthu wodikira malole masana okha ankamupitirira wosiya makina usana ndi usiku.

Lamulungu anadikira kuti achimwene akhale pansi, nagoneka katoni ija patebulo pakati pa malalanje.

"Njira yanu ndi ya anthu aulesi," anatero. "Yoona ndi iyi."

Achimwene anaiwerenga katoniyo, naseka. "Papepala chilichonse chimatheka."

"Ndiye tiyese. Gemuyi ili ndi nambala yosamutsira. Ndikopera gemu ya bambo mu laputopu yanu, muyambe mofanana ndendende. Nonse mugumule lero. Inu nyenyezi zanu ku Makina, bambo ku Dzanja. Masabata awiri. Bambo akakupitirirani, Lachinayi lililonse ku mafizo muziwaperekeza ndinu."

"Nanga ndikapambana ine?"

"Ndidzagwada pano n'kupepesa zonse ndinanena pafoni."

"Iweyo kugwada? Ndidzabwera ndi alamu ako adzajambule."

Bambowo ankayang'ana manambala awo. Anali ndi njerwa mabiliyoni asanu ndi anayi.

"Zonsezi zipite?"

"Zonse, bambo. Nyenyezi sizisuntha popanda kugumula."

"Ndipo ukuti ndingamugwetse wa tayiyu?"

"Mumugwetsa."

Bambowo anamuyang'ana mwana wawo wamwamuna kuyambira kumutu mpaka kunsapato, monga ankayang'anira kasitomala wobwera ndi tsitsi lometedwa kwina. Anagoneka dzanja pa mausi, nakanikiza batani logumulira. Chala chinatenga nthawi kuti chidzuke, ndipo onse atatu anachidikira. Chitadzuka, mafakitale onse anasanduka fumbi.

Lolemba madzulo bambo anali patsogolo. Lachiwiri anali atawasiya achimwene kutali, moti achimwenewo anatumiza uthenga wofunsa ngati Machesi sakuwadinira. Machesi anauwerenga akuseka, kenaka kusekako kunatha. Anatsegula tsamba la chiwerengero bambo ali kubafa. Pa lole yomaliza, m'masekondi makumi awiri, panali kudina maulendo 61.

Iye mwini, ndi zala zake zabwinobwino, ankafika 70.

Lachitatu masana anatseka kachipinda kake, napita kunyumba, naima pawindo. Hutala inalira. Mausi inali kumanzere kwa laputopu, ndipo dzanja lamanzere linali kuigogoda ngati mvula padenga. Lamanja linali pamwendo, lofumbata.

Chitseko anachitsegula ndi phazi.

"Ndi limenelo linadwala?"

Bambowo anadzidzimuka, nayesa kukankhira mausi kumanja, koma chingwe chinakola kapu.

"Musavutike, ndaona kale. Ine kusala nkhomaliro masiku atatu, kuwerengera mpaka mutu kuwawa, kuti inu muzilimbitsa dzanja lomwe lili kale bwino? Mukubera ndani, bambo? Achimwene? Mayi wa mafizo? Ineyo?"

"Khala pansi."

"Sindikhala!"

"Ndiye imirira, koma uone."

Anasamutsira mausi kumanja, nanyamula dzanja lodwalalo ndi linzake n'kuligoneka pamwamba. Anadikira lole, Machesi akupumira m'mwamba pakhomo. Lole itabwera, bambowo anaidina, nayamba. Tiki. Chala chinagona pa mausi, chikunjenjemera. Tiki. Loleyo inaliza hutala n'kumapita chala chidakali pansi.

"Kasanu ndi kawiri," anatero bambowo osamuyang'ana. "Lolemba m'mawa ndinayesa malole atatu. Kasanu ndi kawiri, kasanu ndi kamodzi, kasanu ndi kawiri. Pa katoni yako unawerengera zala zako, mwana wanga, osati zanga. Ndi dzanja ili mchimwene wako atigwetsa. Ndiye iwe, amene umandimangira mabatani m'mawa uliwonse, ukagwadire munthu wobwera ndi malalanje? Ine ndili moyo?"

Machesi anakhala pansi. Moto unali udakalipo, koma unasowa kolowera. Anatenga katoni ija pashelefu n'kuiyang'ana. Zinali zoona. Anawerengera kudina makumi asanu ndi awiri pa lole iliyonse, ngati kuti akasewere ndi iye.

"Kulakwitsa ndalakwitsa ndine," anatero. "Koma maondo ndi anga, bambo. Ndikagwada ndidzadzuka. Chala chanucho chikauma sichidzadzukanso."

Anatulutsa foni.

"Ukuimbira ndani?"

"Achimwene."

"Iwe Machesi, usayerekeze!"

Anayerekeza. Anawauza achimwene zonse, bambo akumva, nati gemu ya bambo aibwezera pomwe inali Lamulungu atangogumula, ndipo masiku atatu abedwawo apita.

"Aa, zisiye," anatero achimwene. "Ndi gemu chabe. Apitirize pomwe ali."

"Ayi. Tikadzakugwetsani musadzapeze ponamizira."

Tsiku limenelo bambo sanamulankhulenso. Chakudya chamadzulo anadya atatembenukira kukhoma. Koma Machesi anali atatembenuza kale katoni ina, ndipo m'mawa mwake, akuwamangira mabatani, anawapatsa malangizo atsopano ngati palibe chinachitika.

"Dzanja lochedwa lili ndi njira yake. Nyenyezi zotsala musaike pochulukitsa, ikani apa, potalikitsa nthawi ya lole. Iziima masekondi 45 m'malo mwa 20. Chachiwiri, lole isanabwere gulani mafakitale ndi njerwa zonse muli nazo, chifukwa chala chanu chimadya kuchokera kwa iwo. Chachitatu, pakati pa malole musadine n'kamodzi komwe. Chala chizipuma, mphamvu zonse zidikire hutala."

"Ndamva," anatero bambowo, akuyang'ana kudenga.

Ku mafizo tsiku lomwelo Machesi anayamba ndi kupepesa za tsiku lija anakalipa, mwachidule, ngati akumeza mapiritsi. Kenaka anafunsa ngati angatsegule mausi n'kuikamo kasipulingi kolimba kuti kazikankha chala m'mwamba.

"Ndiye kolimba kadzakhala kasipulingiko," anatero mayi wa mafizo. "Chisiyeni chivutike chokha. Koma muziyamba mwaviika dzanjalo m'madzi ofunda, ndipo mkono uzigona pa thaulo lopinda. Zopumira pakatizo mwaganiza bwino. Anakuuzani ndani?"

"Lole," anayankha bambowo.

Masiku otsatirawo m'nyumba munkamveka madzi m'beseni, hutala, kenaka tiki, tiki, ndi mawu a bambo akuchinyoza chala chawo. "Dzuka, waulesi iwe! Unkadya ndalama za mitu ya anthu, lero ukugona?" Machesi ankatsegula tsamba la chiwerengero madzulo aliwonse, bambo ali pomwepo, ndipo iwo sankaletsa. Pa lole imodzi, maulendo khumi ndi asanu. Kenaka khumi ndi asanu ndi awiri. Lachiwiri anabwerera pa khumi ndi anayi, dzanja litatupa pang'ono, ndipo bambowo anakana kudya. Lachisanu anafika 23. Pa tsiku lonse, mazana atatu ankapitirira osazindikira.

Lamulungu lomaliza achimwene anabwera okha, laputopu ili m'khwapa. Anagwirizana kuti mpikisano utha 12 koloko masana. Malaputopu awiri anaikidwa moyandikana patebulo. Ya achimwene inali ndi mabiliyoni 52. Ya bambo, 47.

"Masiku atatu aja," anatero bambowo, akumuyang'ana Machesi cham'mbali.

"Masiku atatu aja munaba," anayankha Machesi.

Lole imodzi inabwera nthawi isanakwane, bambo nadina maulendo 24, nafika pa 49. Ina sinabwerenso. Wotchi ya pakhoma inafika pa 12.

Achimwene sanasangalale monga Machesi ankayembekezera. Ankangoyang'ana manambala a bambo, kenaka katoni, kenaka manambala. "M'masiku khumi ndi limodzi? Ndi dzanja limenelo?" Anakanda m'mutu. "Iwe, zogwadazo zisiye."

"Pangano ndi pangano."

Machesi anakankha mpando, nagwada pasimenti, msana uli chilili, maso ali gwa pa achimwene ake.

"Achimwene, pepani kuti ndinakukalipirani muli mu ofesi. Ndikanadikira muweruke. Pepani kuti ndinati mumabwera ndi malalanje asanu, pomwe nthawi zina amakhala asanu ndi limodzi. Pepaninso kuti..."

"Kumeneku n'kupepesa kapena kunditukwana kachiwiri?"

"Musandidule, sindinamalize."

Hutala inalira. Mpikisano unali utatha, koma bambowo anali atatembenukira kale ku laputopu, mkono pa thaulo. Tiki. Tiki. Tiki. Machesi anakhala chogwada, akuwerenga chamumtima, ndipo anamva achimwene akuwerenga motsitsa kumbuyo kwake. Aka kanali koyamba achimwenewo kuona ntchitoyo ndi maso awo: thukuta pamphumi, phewa likukwera, mano olumana. Pa 20 anasiya kunong'ona n'kuyamba kufuula. Lole inachoka pa 27.

Bambowo anapumira m'mwamba, naona manambala, natembenuka nkhope ikuwala ukali.

"Iwe wa tayi! Wapulumukira pa wotchi. Sabata imodzi yokha, imodzi, ndikupitirira ngati waima. Ukumva? Ndipo mwana wanga adzuke pansipo, wagwada zokwanira."

Machesi sanadzuke. Bambowo anali atanyamula dzanja lamanja pa mausi, ndipo ankamuloza mwana wawo wamwamuna pamphuno. Zala zitatu zinali zopinda. Cholozera chinali chitawongoka, chikunjenjemera pang'ono kunsonga, koma chowongoka mpaka kuchikhadabo.

"Mukundiyang'ana chiyani ngati ndamera nyanga?"

"Bambo," anatero achimwene. "Musasunthe. Taonani dzanja lanu."

Bambowo anatsitsa maso. Anachiyang'ana chalacho nthawi yaitali. Pang'onopang'ono chinayamba kubwerera m'kati, ndipo iwo anakwinya nkhope, nachiwongolanso, theka lokha ulendo uno, koma chokha.

"Hm," anatero. Anakhosomola, nabwezera dzanjalo pa thaulo. "Machesi, madzi m'besenimu azizira. Ndipo iwe, m'malo mongoima pakamwa yasa, kopera gemu yakoyo tiyambirenso. Ulendo uno palibe wobwezera mnzake kumbuyo."

Machesi anadzuka, nasasa fumbi m'maondo, nanyamula beseni. Pakhomo la kukhitchini anatembenuka.

"Achimwene, ketulo ili apo. Phunzirani kufunditsa madzi, ine ndikawerengere nyenyezi za sabata ino."